Funsani Tikuyankheni: Za opota ulusi ndi oluka m'mbiri ya anthu

Makalata ambiri amene talandira mwezi uno akufunsa za ntchito za manja zokhudza ulusi, ndipo tasankhapo asanu. Ena tawafupikitsa, koma mafunso ake sitinawasinthe.

Akonzi, ndine bambo wa zaka 58. Ndinaphunzira kuluka nditagonekedwa m'chipatala kwa miyezi itatu chifukwa chothyoka mwendo, ndipo tsopano ndimalukira adzukulu anga majuzi ndi zipewa. Anzanga amandiseka, amati ndalowerera ntchito ya amayi. Kodi n'zoona kuti chiyambire kalekale kuluka ndi kwa amayi okha?
*Bambo wopuma pa ntchito*

Bambo, anzanuwo akutenga za dzulodzuloli n'kumaziyesa za makedzana. Choyamba, kuluka ndi singano si luso lakale kwambiri tikaliyerekeza ndi kupota ulusi kapena kuwomba nsalu, zimene anthu anayamba zaka masauzande ambiri zapitazo. Zoluka zakale kwambiri zimene zapezeka ndi masokosi a thonje a ku Egypt, olukidwa pakati pa zaka za m'ma 1000 ndi za m'ma 1300 ndi ulusi woyera ndi wabuluu, ndipo kusalala kwa kalukidwe kake kumasonyeza kuti amene anawaluka sanali ophunzira kumene. Ku Spain nako, m'manda a kalonga Fernando de la Cerda, amene anamwalira mu 1275 n'kuikidwa ku Las Huelgas pafupi ndi Burgos, munapezeka mtsamiro wolukidwa ndi ulusi wa silika mwaluso lodabwitsa.

Lusoli litafalikira ku Ulaya linasanduka ntchito ya ndalama, ndipo apa m'pamene pagona yankho la funso lanu. Mizinda ya ku France ndi ku Germany inali ndi mabungwe a amisiri oluka, ndipo amene ankakhala pa mipando ya mabungwewo anali amuna. Mnyamata wofuna kutchedwa mmisiri ankaphunzira zaka 3 pansi pa mmisiri wamkulu, n'kuyendayenda zaka zinanso 3 akugwira ntchito m'mizinda ina, kenaka n'kuyesedwa mayeso. M'madera ngati Alsace mayesowo anali oti aluke chipewa, malaya a ubweya, masokosi ndi kapeti yamaluwamaluwa pa masabata 13 okha. Ena mwa makapeti amenewa akusungidwabe m'nyumba zoonetseramo zinthu zakale.

Boma nalo linkaiyang'ana ntchitoyi ndi diso la chuma. Mu 1571 nyumba ya malamulo ya ku England inalamula kuti anthu wamba opitirira zaka 6 azivala chipewa cha ubweya cholukidwa m'dzikomo Lamlungu lililonse ndi pa masiku a zikondwerero, ndipo wophwanya lamuloli ankalipira mashileni 3 ndi mapeni 4 pa tsiku. Olemekezeka ndi amayi a m'mabanja apamwamba lamuloli silinkawakhudza. Cholinga chake sichinali kuteteza mitu ya anthu ku mphepo, koma kuteteza ntchito ya amisiri a zipewa amene malonda awo anali atayamba kulowa pansi. Lamuloli linachotsedwa mu 1597.

Kumidzi, kumene kunalibe mabungwe otere, ankaluka ndi aliyense amene anali ndi zala. M'zigwa za ku Yorkshire, kumpoto kwa England, makamaka m'mudzi wa Dent, abambo, amayi ndi ana ankaluka masokosi ogulitsa poyenda pa msewu, poweta nkhosa, ndiponso madzulo akasonkhana m'nyumba imodzi kuti awothe moto umodzi, uku akuimba nyimbo zowathandiza kuwerenga mizere. Singano imodzi ankailowetsa m'kamtengo koboola kopanidwa ndi lamba wa m'chiuno, kuti dzanja limodzi likhale lomasuka ndipo ntchito ifulumire. Abusa a ku Landes, kumwera chakumadzulo kwa France, ankaluka ataimirira pa mitengo italiitali imene ankayendera m'madambo poyang'anira ziweto. Ngakhale lero, pa chilumba cha Taquile m'nyanja ya Titicaca ku Peru, kuluka ndi ntchito ya amuna, imene anyamata amaiphunzira akadali aang'ono, pamene amayi amapota ulusi ndi kuwomba malamba. Bungwe la UNESCO linalemekeza luso la pa chilumbachi mu 2005.

Nanga maganizo a anzanuwo anachokera kuti? Makina atayamba kuluka masokosi mofulumira ndi motchipa, ndalama zinachoka m'singano, ndipo amuna ambiri anatsatira ndalamazo kupita kumafakitale ndi kumigodi. Otsala ndi singano anali amayi osauka a kumadera akutali, ngati a pa zilumba za Shetland ku Scotland amene amalonda ankawalipira ndi katundu wa m'sitolo m'malo mwa ndalama, komanso amayi a m'mabanja opeza bwino a m'zaka za m'ma 1800, amene ankaluka pofuna kuti manja asakhale chabe. Ine ndimaona kuti kawirikawiri ntchito imayamba kutchedwa ya amayi malipiro ake akatha, osati chifukwa chakuti manja a mwamuna sangaikwanitse. Ndipo simuli oyamba kuphunzirira pa bedi la m'chipatala, chifukwa asilikali ambiri ovulala pa nkhondo ziwiri zikuluzikulu za dziko lonse ankaphunzitsidwa kuluka ndi kupeta kuti zala zilimbe ndi mtima ukhazikike. Adzukuluwo apitirize kufunda.

Akonzi, m'kalasi aphunzitsi athu anati kusintha kwakukulu kwa mafakitale ku Britain kunayambira pa ulusi, ndiponso kuti anthu otchedwa ma Luddite ankaphwanya makina. Ine sindikumvetsa kuti kanthu kakang'ono ngati ulusi kangasinthe bwanji dziko. Nanga ophwanya makinawo, si umbuli umene unkawachititsa?
*Mtsikana wa ku sekondale*

Chemwali, tengani malaya amene mwavalawo muwayang'anitsitse poyera. Muona timaulusi tambirimbiri topingasana, ndipo mukanati muwasomphole n'kulumikiza ulusi wonsewo, ukanatalika makilomita angapo. Makina asanabwere, ulusi wonse wotere unkayenera kudutsa pakati pa zala za munthu, pang'onopang'ono. Wopota ankagwiritsa ntchito kamtengo kolemeretsedwa ndi kamwala kapena kadongo koboola pakati, n'kumakazunguza ngati nguli uku akusolola thonje kapena ubweya. Gudumu lopotera linafika ku Ulaya m'zaka za m'ma 1200 ndipo linafulumizitsa ntchito, komabe munthu mmodzi ankapota ulusi umodzi basi. Tsono ganizirani matanga a zombo, matumba, mabulangete, zovala za asilikali ndi nsalu zokulungira maliro, zonsezo zikudikira zala za wopota. Kuti mmisiri mmodzi wowomba nsalu asakhale manja lende, pankafunika opota angapo omugwirira ntchito.

Opotawo anali amayi ndi ana, ndipo ku England m'zaka za m'ma 1700 akatswiri a mbiri amawerengera kuti analipo oposa miliyoni imodzi. Chingelezi chikadali ndi chipsera cha nthawi imeneyo, pakuti mawu akuti spinster, amene lero amatanthauza mkazi wosakwatiwa, poyamba ankatanthauza mkazi wopota ulusi. Wamalonda ankabweretsa ubweya pakhomo, n'kudzatenga ulusi pa tsiku lopangana. Malipiro anali ochepa, ndipo opota ankadyeredwa masuku pamutu, moti mu 1777 eni malonda a ubweya a ku Yorkshire, Lancashire ndi Cheshire anapatsidwa mphamvu ndi lamulo zolemba anthu oyendera nyumba ndi kutengera kukhoti amayi opezeka ndi ulusi woperewera muyezo. Komabe timakobiri timeneto ndi timene tinkasiyanitsa banja logona ndi njala ndi banja logona litadya, makamaka mayi akakhala wamasiye.

Mu 1733 John Kay anapanga kachipangizo kothamangitsa ulusi pa chowombera nsalu, ndipo owomba atayamba kufulumira, njala ya ulusi inakula. Cha m'ma 1764 James Hargreaves, wa kufupi ndi Blackburn, anapanga makina otchedwa spinning jenny, amene poyamba ankapota maulusi 8 nthawi imodzi. Richard Arkwright analembetsa makina ake mu 1769 ndipo mu 1771 anamanga fakitale yoyendera madzi ku Cromford, imene inkagwira ntchito usana ndi usiku, ndipo ambiri mwa antchito ake anali ana, ena a zaka 7 zokha. Mu 1779 Samuel Crompton anaphatikiza nzeru za awiriwa n'kupanga makina otchedwa mule, opota ulusi wosalala ndi wolimba. M'badwo umodzi usanathe, ntchito imene amayi anaigwira m'nyumba zawo kwa zaka mazanamazana inali itazimirira m'madera ambiri, ndipo m'maboma a kumwera kwa England, kumene kunalibe mafakitale oti n'kupitako, mabanja anangotsala ndi malipiro a bambo okha. Chochititsa chidwi n'chakuti kupota kutangokhala ntchito ya malipiro abwino pa makina a mule, amuna anaitenga, ndipo mu 1829 bungwe la opota a pa makinawa linagwirizana kuti amayi asaloledwe kulowamo.

Ulusi unakoka zambiri kuposa pamenepa. Mafakitale a ku Lancashire ankameza thonje lochuluka, ndipo Eli Whitney atapanga makina ochotsa njere za thonje mu 1793, minda ya kumwera kwa United States inakula mofulumira. Akapolo m'dzikolo anali pafupifupi 700,000 mu 1790, koma pofika mu 1860 anali atatsala pang'ono kukwana mamiliyoni 4. Nsalu yotchipa ya ku Manchester inali ndi thukuta ndi magazi a anthu amenewa.

Tsopano za ma Luddite. Galu wamkota sakandira pachabe, ndipo anthuwa sanali mbuli. Amene anayambitsa zipolowezi mu Malichi 1811 ku Arnold, pafupi ndi Nottingham, anali amisiri oluka masokosi pa makina, ndipo makinawo sanali achilendo, chifukwa William Lee anawapanga kale mu 1589. Munthu sangadane ndi chipangizo chimene agogo ake ankadyera. Chimene chinawawawa ndi chakuti eni makina ena anayamba kuluka nsalu zikuluzikulu n'kumazidula ndi kuzisoka ngati masokosi, zinthu zosachedwa kusomphoka zimene zinkanyozetsa ntchito yonse, ndipo ankalemba anthu osaphunzira ntchito pa malipiro otsika, uku akukweza lendi ya makina imene mmisiri ankalipira ngakhale sabata imene sanapatsidwe ntchito. Nkhondo yolimbana ndi Napoleon inali itatseka misika ndi kukweza mtengo wa tirigu, malamulo a mu 1799 ndi 1800 ankaletsa antchito kupanga mabungwe, ndipo madandaulo amene ankatumiza ku nyumba ya malamulo sankaphula kanthu. Atasowa mtengo wogwira, anatenga nyundo. Usiku ankalowa m'nyumba zogwiriramo ntchito n'kuphwanya makina a bwana wopondereza, koma kawirikawiri ankasiya a bwana wolipira bwino ali chiimire, ndipo makalata awo ochenjeza ankawasaina ndi dzina la Ned Ludd, mtsogoleri amene palibe anamuonapo.

Zipolowezi zitafalikira ku Yorkshire ndi ku Lancashire zinafika pokhetsa magazi. Mu Epulo 1812 gulu lina linaukira fakitale ya Rawfolds ndipo awiri mwa iwo anafa ndi zipolopolo, kenaka m'mwezi womwewo mwini fakitale wina, William Horsfall, anawomberedwa pa njira. Boma linatumiza asilikali pafupifupi 12,000 m'maderawa ndipo linakhazikitsa lamulo loti wophwanya makina azinyongedwa. Mlakatuli Lord Byron analitsutsa lamuloli pa 27 Febuluwale 1812, m'mawu ake oyamba m'nyumba ya malamulo ya olemekezeka, koma linadutsabe. Mu Januwale 1813 amuna 17 ananyongedwa ku York, ndipo ena anatumizidwa ku Australia.

Kodi ankaopa zopanda pake? Onani zimene zinagwera owomba nsalu pa manja makina owombera atafala: munthu amene cha m'ma 1800 ankalandira mashileni oposa 20 pa sabata, pofika m'ma 1830 ankalandira osakwana 7. N'zoona kuti pamapeto pake zovala zinatchipa ndipo adzukulu a anthuwa anakhala moyo wabwinopo, koma amene anasenza mtolo wa kusinthako sindiwo anadya phindu lake. Mukadzalemba mayeso, mudzawakumbukirenso amayi opota aja. Iwo anataya ntchito zaka makumi angapo ma Luddite asanatenge nyundo, ndipo analipo ochuluka kwambiri kuposa iwo, koma mabuku ambiri a mbiri amangowadutsa ndi mzere umodzi chifukwa chakuti anavutikira m'nyumba zawo, aliyense payekha.

Akonzi, mwana wanga amene akugwira ntchito ku Ireland wanditumizira juzi ya Aran. Pa kapepala kake palembedwa kuti kalekale banja lililonse la asodzi linali ndi kalukidwe kakekake, kuti mtembo wa womira m'nyanja uzidziwika. Nkhaniyi yandikhudza mtima. Kodi ndi yoona?
*Mayi wa ana anayi*

Mayi, juziyo ndi yabwino ndipo muivale mosangalala, koma nkhaniyo ndi ya m'maluwa. Juzi ya Aran monga tikuidziwira lero, yoyera ndi yodzaza mizere yopotana ngati zingwe, inayamba kuoneka kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900 pa zilumba zitatu zotchedwa Aran, kufupi ndi mzinda wa Galway ku Ireland. Amayi a kumeneko anatengera majuzi a asodzi ochokera ku Scotland ndi kwina, n'kuwonjezerapo luso lawo, pa nthawi imene bungwe la boma lokhazikitsidwa mu 1891 linkalimbikitsa usodzi ndi kuluka pofuna kuchepetsa umphawi kumadzulo kwa Ireland. Majuziwa anayamba kugulitsidwa ku Dublin m'ma 1930. Matanthauzo akuti mzere uwu ndi chingwe cha msodzi, uwo ndi madalitso, anafalitsidwa pambuyo pake, makamaka ndi Heinz Kiewe, wamalonda a ulusi wa ku Oxford. Nkhani ya womirayo ikufanana ndi sewero lina la ku Ireland la mu 1904, mmene mtsikana amazindikira kuti mtembo ndi wa mlongo wake poona sokosi imene iye mwini analuka n'kuphonya mfundo zingapo. Choona chimene chilipo n'chakuti woluka aliyense amaidziwa ntchito ya manja ake, ndipo amayi a pa zilumbazi ankaphunzitsana ndi kubwerekana kalukidwe mosayang'ana banja.

Akonzi, ndinamva kuti pa nthawi ya nkhondo amayi ena ankabisa mauthenga achinsinsi m'zoluka zawo. Zimenezi zinkatheka bwanji?
*Woluka wachinyamata*

Poganiza chabe n'zotheka, chifukwa kuluka konse kumachokera pa mfundo za mitundu iwiri, yakutsogolo ndi yakumbuyo, ndipo chilichonse chokhala ndi zizindikiro ziwiri chingathe kunyamula uthenga. Nzeru yofanana ndi imeneyi ndi imene Joseph Marie Jacquard anagwiritsa ntchito ku Lyon ku France mu 1804, pamene makadi oboola ndi osaboola ankauza chowombera nsalu ulusi woti ukwere ndi woti utsale, ndipo Charles Babbage anatengera makadi omwewo pokonza makina ake owerengera, amene ndi kholo la kompyuta. Koma pa nkhondo, phindu lenileni la singano linali lakuti msilikali sankamuwerengera mayi amene wakhala pa zenera kapena pa siteshoni ya sitima akuluka.

Chitsanzo chodziwika bwino ndi cha Phyllis Latour, wobadwira ku South Africa mu 1921, amene anatsika ndi parachuti ku Normandy ku France mu Meyi 1944 monga kazitape wa Britain. Ankayenda pa njinga akudzionetsa ngati mtsikana wosauka wogulitsa sopo, ndipo anatumiza mauthenga 135 pa wailesi. Zizindikiro zake zachinsinsi zinalembedwa pa kansalu ka silika, kamene ankakakulunga pa singano yolukira n'kukalowetsa m'chingwe cha nsapato chimene ankamangira tsitsi. Tsiku lina atagwidwa n'kusechedwa, anamasula yekha chingwecho n'kugwedeza tsitsi kusonyeza kuti mulibe kanthu, ndipo anamusiya. Anamwalira ku New Zealand mu 2023 ali ndi zaka 102.

Komabe ntchito yaikulu ya oluka pa nkhondo inali yosabisika. Asilikali okhala m'maenje a matope pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse ankawola mapazi chifukwa cha chinyontho ndi kuzizira, ena mpaka kudulidwa, ndipo mankhwala ake oyamba anali masokosi ouma osinthira pafupipafupi. Mu 1914 Mfumukazi Mary ya ku Britain inapempha amayi kuti aluke mapeya 300,000 a masokosi, ndipo m'maiko ngati Australia, Canada ndi United States ana a sukulu, okalamba ndi amuna osapita kunkhondo analuka nawo. Oluka masokosiwo anapulumutsa mapazi ochuluka, ngakhale kuti nkhani yawo sikoma kufotokoza ngati ya akazitape.

Akonzi, pa chithunzi chotchuka Mahatma Gandhi amaoneka atakhala pansi pafupi ndi gudumu lopotera ulusi. Munthu amene anaphunzira za malamulo ku London ndipo ankatsogolera dziko lalikulu chonchija, ankatayiranji nthawi ndi kupota thonje?
*Mphunzitsi wa pulaimale*

Aphunzitsi, kuti timvetse gudumulo tiyenera kubwerera m'mbuyo zaka 200 Gandhi asanabadwe. Pa nthawi imeneyo India ndiye ankaveka dziko lapansi. Nsalu zake za thonje zinkagulidwa ku Africa, ku Asia ndi ku Ulaya, ndipo ya ku Dhaka inali yopyapyala moti anthu ankaiyerekeza ndi mphepo. Ku England nsaluzi zinakondedwa kwambiri mpaka owomba ubweya ndi silika anachita zipolowe, ndipo nyumba ya malamulo inaletsa zambiri mwa izo ndi malamulo a mu 1700 ndi 1721. Kampani ya ku Britain yotchedwa East India itagwira mphamvu ku Bengal pambuyo pa nkhondo ya ku Plassey mu 1757, inayamba kumanga owomba nsalu ndi ngongole ndi kuwakakamiza kugulitsa kwa iyo yokha pa mtengo wotsika. Kenaka makina a ku Lancashire, amene tawatchula pamwambapa, anatembenuza malonda onse. India anayamba kutumiza thonje losapota ku Britain n'kumagula nsalu yowombedwa ndi thonje lomwelo, ndipo amayi mamiliyoni ambiri a m'midzi anataya kandalama kamene ankapeza popota.

Kukana nsalu yakunja sikunayambe ndi Gandhi. Ku America, m'zaka za m'ma 1760, amayi a ku New England ankasonkhana ndi magudumu awo n'kumapota tsiku lonse posonyeza kukana misonkho ya Britain, ndipo ku India komweko anthu anayamba kunyanyala katundu wa Britain mu 1905, bwanamkubwa wa Britain ku India, Lord Curzon, atagawa Bengal pawiri. Chimene Gandhi anawonjezera ndi kuika gudumu m'manja mwa munthu aliyense. Chodabwitsa n'chakuti iye mwini anavomera kuti pamene ankayamba kulemba zotamanda gudumuli anali asanalione ndi maso. Luso linali litazilala moti panafunika kufufuza, ndipo mayi wina wamasiye, Gangabehn Majmundar, ndi amene anakapeza magudumu atatayidwa m'madenga a nyumba ku Vijapur, n'kupezanso amayi okonzeka kuyambiranso kupota ngati wina angawapatse thonje ndi kugula ulusi wawo.

Gandhi ankaona zinthu zingapo m'gudumuli, limene kwawoko amalitcha charkha. Mlimi wa ku India ankakhala miyezi ingapo pa chaka wopanda ntchito ya kumunda, ndipo gudumu linali lotchipa, lokonzeka ndi mmisiri wa m'mudzi, losafuna fakitale kapena ngongole. Linapatsanso amayi, ngakhale amene mwambo sunkawalola kutuluka pakhomo, njira yolowera m'ndale. Ndipo loya kapena wamalonda wa mu mzinda akakhala pansi n'kupota kwa theka la ola tsiku lililonse, monga Gandhi ankapempha anthu kuti azichita, ankalawako ntchito ya wosauka, ndipo onse akavala nsalu yokhakhala yowombedwa pa manja, yotchedwa khadi, kusiyana kwa olemera ndi osauka kunkachepa m'maso. Pa 31 Julaye 1921 anayatsa mulu waukulu wa zovala zakunja ku Bombay, ndipo mu Seputembala chaka chomwecho, ali ku Madurai, anavula malaya n'kuyamba kuvala kansalu ka m'chiuno kokha. Mu 1924 chipani chomenyera ufulu wa India cha Congress chinagwirizana kuti membala azipereka mayadi 2,000 a ulusi pa mwezi m'malo mwa ndalama ya umembala, ngakhale kuti ambiri anang'ung'udza ndipo lamulolo silinakhalitse. Mu 1925 anakhazikitsa bungwe la opota a m'dziko lonse la India.

Si onse anagwirizana naye. Mlakatuli Rabindranath Tagore, amene ankalemekezana kwambiri ndi Gandhi, analemba mu 1925 kuti kuuza anthu onse kuchita chinthu chimodzi mobwerezabwereza kumafooketsa maganizo, ndipo kuti umphawi wa India sungathe ndi gudumu. Pa nkhani ya chuma ndikuona kuti Tagore anali ndi mfundo, chifukwa khadi inali yodula kuposa nsalu ya makina, ndipo amene anapindula kwambiri ndi kunyanyalako anali eni mafakitale a ku Bombay ndi ku Ahmedabad. Koma pa nkhani ya ndale Gandhi anaona patali, pakuti munthu wosadziwa kuwerenga sakanamvetsa mikangano ya malamulo, koma ankamvetsa bwino lomwe chimene wavala ndi kumene chachokera. Kunyanyalako kunapweteka Lancashire, ndipo mu Seputembala 1931 Gandhi mwiniwakeyo anapita ku Darwen kukaonana ndi antchito a m'mafakitale amene ambiri anali atachotsedwa ntchito. Anthu ankayembekezera kuti amukuwiza, koma amayi a m'mafakitalewo anamulandira ndi chimwemwe, ndipo chithunzi chawo atamuzungulira chilipo mpaka lero.

Gudumuli linaikidwa pakati pa mbendera ya Congress mu 1931. Pa 22 Julaye 1947, ufulu utayandikira, linalowedwa m'malo ndi gudumu la masipoko 24 la Ashoka, mfumu yakale ya ku India, limene lili pa mbendera ya India lero, koma kwa zaka zambiri malamulo ankafunabe kuti mbendera ya dzikolo ikhale ya nsalu yopotedwa ndi kuwombedwa pa manja. Mu Disembala 2021 boma linasintha malamulowo n'kuloleza mbendera za poliyesitala zopangidwa pa makina, ndipo chaka chotsatira antchito a ku Hubballi m'boma la Karnataka, ambiri mwa iwo amayi amene akhala akusoka mbendera za khadi kwa zaka zambiri, anachita zionetsero chifukwa chakuti maoda awo anali atatsika.